Agwade, Koma Ayang'ane

Waikato, New Zealand
12 Malichi 2023

Wokondedwa Nankhoma,

Ndiyambe ndi kufunsa za moyo wanu, wa mwana wathu Lidiya ndi wa apongozi. Ine kuno ndili bwino, kupatula manja amene ayamba kung'aluka ndi madzi ozizira. Kalatayi ndaijambula n'kuitumiza pa foni ya aphunzitsi a Alick, akupatsani muwerenge nokha. Poimba sindilankhula momasuka, ndimadziwa kuti theka la mudzi limakhala litatchera khutu kuseri kwa nkhokwe.

Mwati anthu pa Nsaru akunenabe kuti ndili ku Joni. Alekeni. Mukayamba kufotokoza kuti bwana anasamuka ku Joni n'kunditenga kudziko limene dzuwa limatuluka inu mutangodya chamadzulo, adzati Pius wayamba bodza. Ntchito ndi yomwe ija yokama ng'ombe, kungoti za kuno n'zambiri moti zilibe maina, zili ndi manambala. Bwana ndi yemwe uja, mtima wake mukuudziwa. Za iye tidzakamba pamaso.

Tsono imvani ichi. Mkaka amadzautenga pa chigalimoto cha thanki, chachitali kuposa tchalitchi chathu. Woyendetsa ndi mayi, dzina lawo a Marama, a mtundu wa Amaori, eni nthaka kuno. Tsiku loyamba ndinawapatsa moni kawiri osayankha, ine mumtima n'kuti awa ndi onyada. Mnzanga ndiye anandiuza kuti samva chibadwire. Nankhoma, munthu wosamva, wamkazi, kubweza chigalimoto chotero chafutambuyo pageti osakhudza ngakhale mtengo! Ndinaima ndi payipi m'manja madzi akungotayika, ndikuganiza za Lidiya.

Loweruka ndinapita ku laibulale ya m'tauni. Mabuku amabwereketsa ulere. Ndatenga awiri, lina la mawu a Chimaori, lina la chinenero chamanja, lodzaza ndi zithunzi za anthu akupinda zala. Zinenero ziwirizi kuno amazilemekeza, boma lomwe limaziwerengera.

Zimene mwandiuza za alongo anu a Nasoni zandisowetsa mtendere. Akuti mukakolola adzatenga Lidiya kupita naye ku Mpingu akakhale mlezi wa khanda lawo, poti kusukulu palibe chimene angatoleko. Ndikudziwa kuti mwini mbumba ndi iwo, ine ndine mkamwini chabe. Koma mwana wa zaka zisanu ndi zinayi akangoyamba kubereka mwana wa wina kumsana, za sukulu zathera pomwepo. Apempheni adikireko mpaka aphunzitsi a kusukulu ya ana osamva adzabwerenso kudzamuyesa. A Alick akuti amabwera cha mu Okutobala.

Mtedza musagulitse kwa mavenda usanaume, ngakhale abwere ndi sikelo pakhomo. Khola la mbuzi likufuna udzu watsopano.

Ndine wanu,
Pius


7 Meyi 2023

Wokondedwa Nankhoma,

Zikomo pondiyankha. Ndakondwa kumva kuti nonse muli bwino ndi kuti chifuwa cha apongozi chachepa. Kuno kwayamba kuzizira, ndikuvala majuzi awiri ngati nkhalamba.

Mabuku aja ndakawonjezera masiku. La Chimaori silikundivuta kwenikweni. Mawu awo amamveka moyandikira athu, moti ndikamawerenga zikwangwani za mumsewu mokweza anzanga amadabwa, pamene bwana lilime limamukanika. La manja ndiye landigwetsa ulesi kangapo. Ndimayeserera pa ng'ombe pokama. Pali ina yamawanga imene ndaifunsa kale dzina, kwawo ndi ngati yadya, koma imangondiyang'ana ikubzikula.

Sabata yatha ndinalimba mtima. A Marama atatsika m'galimoto ndinavula chipewa, ndinawerama pang'ono, maso pansi monga tichitira ndi mkazi wa mwini, n'kuyamba kupinda zala: moni, dzina langa ndine Pius. Ndinamaliza bwinobwino, n'kudikira yankho ndikuyang'ana jombo zanga. Kunali zii. Kenaka ndinangomva thanki ikulira, phaa! phaa! Anali iwo akuimenya ndi chikhatho. Nditadzutsa mutu ndinapeza akwiya zenizeni. Analoza maso anga, n'kuloza nkhope yawo. Atatero analemba pa foni n'kundionetsa: "Ndakuyankha katatu. Ukayang'ana pansi ndiye kuti watseka makutu n'kundisiya ndikulankhula ndekha. Anakuphunzitsa mwano umenewu ndani?"

Mwano, Nankhoma! Ine amene ndinkapereka ulemu wonse umene amayi anandiphunzitsa.

Nditaweruka ndinatsegula bukulo koyambirira, masamba amene ndinawalumpha pothamangira zithunzi. Zilimo ndithu. Akuti manja ndi theka chabe. Funso, kukana, nthabwala, mkwiyo, zonsezi zimakhala pankhope, ndipo munthu wosamva amamva ndi maso.

Tsono taganizani za Lidiya. Chitsekereni makutu ndi matenda aja ali ndi zaka zinayi, waleredwa ngati mwana aliyense wa kwathu: akulu akamukodola agwade, aweramitse mutu. Akadzutsa nkhope, atsibweni ake amati akutuzulira akulu maso, n'kumutsina khutu. Akaweramitsa sadziwa chimene watumidwa, ndiye amati ndi wamakani, mutu wake ndi wouma. Munandiuza kuti chaka chatha aphunzitsi a ana osamva atabwera anayesa kumulankhula ndi manja, iye ali chigwadire maso pa dothi, mpaka iwo anatopa n'kunyamuka. Mwana sanalephere mayeso aja ayi. Sanawaone n'komwe.

Ndikupemphani chinthu chimodzi. M'nyumba, mukakhala awiri, muloleni azikuyang'anani kumaso. Mukafuna kumuuza kanthu mugwireni paphewa, mukhale powala, ndipo musatembenuke mukulankhula. Yesani mwezi umodzi mudzandiuze.

Chimanga chikalowa m'nkhokwe musachedwe kuthira mankhwala, chaka chatha anankafumbwe anatidyera.

Wanu,
Pius


25 Juni 2023

Nankhoma wanga,

Moni nonse kumeneko. Ine ndili bwino, chisanu chokha ndiye chanyanya, m'mawa udzu umachita kuyera.

Kalata yanu ndinaiwerenga nditaima m'khola, ndinaseka mpaka ng'ombe zinadzidzimuka. Ndiye mukuti mwanayo ali ndi maina ake a manja a mudzi wonse? Agogo ake ndi kununkhiza fodya pachikhatho, a Alick ndi kukhwekhwereza phazi pansi chifukwa cha njinga yawo yopanda buleki ija, atsibweni ake ndi tsinya ndi chala chogwedeza! Langa musandiuze, ndikuopa.

Koma pamene mwalemba za dzino ndinasiya kuseka. Mwana dzino kumupweteka chiyambire mvula, osapeza woti amuuze, mpaka tsiku limene munakhala naye pansi n'kumuyang'ana. Zandipweteka kwambiri, ndisaname. Pitani naye kuchipatala kwa Kabudula sabata ino, za mtedza zidikire.

Ndinafuna kukugulirani buku longa langali, ndipo ndinakafunsa kale m'sitolo. A Marama andiletsa. Akuti manja a kuno si manja a ku Malawi, osamva a dziko lililonse ali ndi chinenero chawo, monga Chimaori chisiyanirana ndi Chichewa. Ndinakhumudwa. Ndinati ndiye kuti miyezi yonseyi ndakhala ndikupinda zala pachabe? Iwo anaseka n'kulemba kuti si pachabe, pobwera nkhope yako inali ngati chitseko, tsopano yayamba kutseguka. Choncho afunseni a Alick ngati buku la manja a kwathu lingapezeke ku Lilongwe. Likapezeka gulani awiri, lina munditumizire.

Ng'ombe zapuma kukamidwa, zikudikira kubereka, ndiye thanki sikubwera. A Marama ndimakumana nawo Loweruka kumsika ali ndi amuna awo. Pamenepo werenganiponso kawiri, ndati ali ndi amuna awo, musayambe kundiganizira zina.

Za pepala langa logwirira ntchito bwana akuti akukonza. Akhala akukonza.

Mwati alongo anu sanabwere kudzatenga mwana chifukwa atanganidwa ndi zogulitsa fodya. Fodyayo achedwe choncho.

Ndine,
Pius


20 Ogasiti 2023

Nankhoma,

Ndikhulupirira muli bwino. Musadabwe ndi zilembo zokhotakhotazi, ndikulemba ndi dzanja lamanzere. Si nkhani yaikulu. Ng'ombe yobereka koyamba inandiponda dzanja lamanja, sidziwa woithandiza. Pepani kuti ndakhala chete, nyengo ino munthu amagona ndi jombo.

Ndamva zimene zinachitika. Ndiye alongo anu anabwera ndi akulu ampingo anzawo kudzazonda apongozi, Lidiya n'kubweretsa madzi osamba m'manja, kugwada bwinobwino, koma n'kumayang'ana aliyense kumaso, mpaka kuyang'anitsitsa pakamwa pa abusa akulankhula. Mwana ankafuna kumva, basi. Koma a Nasoni akuti mwawononga mwana pomvera mkamwini wa kutsidya kwa nyanja, ndipo mwezi uno ukatha amutenga akamuphunzitse khalidwe.

Ndinapsa mtima. Ndinawalembera kalata yoti mukanaiona mukanandithawa, koma ndaing'amba. Inunso musalimbane nawo, mukudziwa kuti akakwezeredwa mawu ndi pamene amaumirira. Pitani kwa apongozi mukawapemphe anene kuti akumufuna mdzukulu wawo pakhomo mpaka chifuwa chitheretu. Amayi awo sangawakanire.

Ndili ndi mantha, ndisakubisireni. Mwana wangoyamba kumene kudzutsa mutu. Akapita ku Mpingu akauweramitsanso, ndipo sindikudziwa ngati adzaudzutsenso.

Ndasangalala kuti dzino analichotsa. Mumupatse moni wanga, mudziwa nokha mmene mungamuperekere.

Pius


17 Seputembala 2023

Kwa alamu anga a Nasoni, a Nkhoma,

Ndagwada pokulemberani. Ndikhulupirira muli bwino pamodzi ndi mayi kunyumba ndi khanda. Ine ndili bwino, dzanja likuchira.

Ndamva kuti mwana anakuchititsani manyazi pamaso pa akulu ampingo. Pepani. Amene ndinauza mlongo wanu kuti azimulola kuyang'ana kumaso ndine, mlandu usagwere iye. Ndikuthokozaninso kuti munamvera amayi n'kuyamba mwadikira.

Ndiloleni ndikuuzeni zimene zandionekera kuno. Mayi wina wosamva amene amadzatenga mkaka pafamu pano anandiitana kumudzi kwawo kovundukula chiliza cha bambo ake. Amaori nawonso amatero, ngati ife. Ndinakonzekera ndi buku la chinenero chawo. Limati mlendo asanatchule dzina lake ayambe watchula phiri lakwawo, mtsinje wakwawo ndi anthu ake. Mtsinje ndinati Bua. Phiri ndinasowa, mukudziwa kwathu n'kwathyathyathya, moti ndinangotsala pang'ono kutchula chulu cha kuseri kwa sukulu. Nditatchula akuchikazi kwa amayi anga, akuluakulu anagwedeza mitu, zinawakomera.

Bukulo linanenanso za moni wawo, ine n'kumayesa ndi zamakedzana zongolemba. Ayi ndithu. Eni mudzi anaima pamzere, ife alendo n'kumadutsa mmodzimmodzi, kugunditsana mphuno ndi aliyense, kupuma mpweya umodzi. Alamu, pamzerepo panali amayi aakulu a msinkhu wa apongozi anga, anthu oti kwathu ndikawaona panjira ndimapatukira kutchire. Ndinafuna kuthawa. Mayi wina wa imvi anaona, anandigwira dzanja n'kundikoka, mphuno yanga pa yawo. Ndinatuluka thukuta kozizira konseku. Pambuyo pake anati tsopano sindinenso mlendo, ndilowe ndikadye.

Ndanena izi kuti mudziwe kuti manyazi amene munamva tsiku lija ndikuwadziwa, ndawamva m'thupi mwanga. Sindikunyoza mwambo wathu, ndipo sindikufuna kuti kwathu tiyambe kugunditsana mphuno. Mwana azigwada, azilandira ndi manja awiri, azipatuka panjira. Koma makutu a Lidiya ndi maso ake. Akaweramitsa mutu, kwa iye inu mwachokapo, ngakhale muli pomwepo mukulankhula. Pempho langa ndi ili: agwade, koma ayang'ane.

Aphunzitsi a ana osamva akubwera mwezi wamawa. Mudzakhalepo inuyo mwini mbumba, mudzaone nokha. Akadzalephera nkhope ili m'mwamba, mutengeni ku Mpingu, ine sindidzatsegulanso pakamwa. Mawu amenewa ndalemba, sindibweza.

Ndine mlamu wanu,
Pius


29 Okutobala 2023

Wokondedwa Nankhoma,

Moni wa chimwemwe kwa inu, kwa Lidiya ndi kwa apongozi. Ine ndili bwino kuposa masiku onse chibwerereni kuno. Kalata yanu yafika, ndipo ndiloleni ndiibwereze ndekha pano, mundikonze ngati pena ndawonjezera.

Mukuti aphunzitsi anali mayi, munakhala pansi pa mtengo wa mango pasukulu, ndipo Lidiya anayamba bwino, akumwetulira. Kenaka njinga yamoto inaima, alongo anu n'kutsika atavala suti yawo ya kutchalitchi. Mwana atangowaona anagwa pa maondo, mutu pansi. Aphunzitsi anagwedeza dzanja, anaponda pansi, inu munamugwira paphewa, koma ayi. Pamenepo ine ndinaika kalata pansi n'kuyamba ndatuluka panja, ndinati basi, mwana ndamuperekeza ndekha ku Mpingu ndi pakamwa panga.

Ndiye mukuti a Nasoni atakhala pa mpando anakuwa, "Dzutsa mutu, iwe!" Anakuwanso kachiwiri. Kachitatu analekera panjira. Ataimirira munayesa akupita kukaliza njinga. Koma anakweza miyendo ya thalauza n'kukhala pa dothi patsogolo pa mwana. Iye anaweramitsa koposa. Iwo n'kuwerama nawonso, kuwerama, mpaka tsaya linatsala pang'ono kukhudza fumbi, n'kumusuzumira cham'munsi. Mkulu wa mpingo, ndi suti, ana a sukulu akuonerera pawindo!

Pamene mwalemba kuti Lidiya ataona nkhope yawo anaphimba khutu lake ndi dzanja, ndalira, Nankhoma. Ndalira ngati mwana. Ndipo mukuti iwo ataona zimenezo anabweza manja onse kumbuyo, anakhala choncho kanthawi, kenaka analoza maso awo, n'kuloza aphunzitsi. Mwana n'kudzutsa mutu.

Zotsalazo sindikudabwa nazo. Kuti anatsanzira manja onse amene anamuonetsa, kuti anasanja zithunzi asanauzidwe kawiri, kuti aphunzitsi anafunsa kuti mwana wochenjera chotere munkamubisa kuti, zonsezo ndinkazidziwa. Malo apezeka kusukulu ya ana osamva, Januwale akayambe. Ambuye alemekezeke.

Alongo anu sanandiyankhe kalata ija, ndipo sindikudikira yankho. Mwati anangonena kuti adzamuperekeza okha kusukulu, poti mwana wa mbumba yawo sangakafike ngati wamasiye, ndi kuti muwauze alamu kuti suti yada. Auzeni kuti ndamva, sopo ndi wanga. Mlezi wa khanda lawo tiwathandize kufunafuna, munthu wamkulu.

Muyambiretu kukonza bulangete, ndowa, nsapato ndi kasutikesi. Zovala mulembe dzina lake mkati ndi ulusi.

Pepala lija latuluka, la chaka china. Ndi nkhani yabwino, koma ndiye kuti Januwale sindidzakhalapo. Buku la manja a kwathu limene a Alick apeza tumizani msanga, ndisadzatsale m'mbuyo iye akadzayamba kulankhula za kusukulu.

Chomaliza. Ndili ndi nsanje, ndivomere. Atsibweni ake amuona m'maso ine bambo wake ndisanamuone. Loweruka m'mawa mukabwereke foni ya a Alick, ine ndidzakhala nditaweruka, ndidzaimba ya kanema. Musavutike n'kumuveka za kutchalitchi. Anthu a kuseri kwa nkhokwe abwere ngati akufuna, palibe chimene adzamve. Mungomukhazika powala, foni muigwire molunjika nkhope yake, andiyang'ane.

Ndine wanu nthawi zonse,
Pius